KUBA M'SITOLO: PHUNZIRO PA LAMULO LACHISANU NDI CHIWIRI

Phunziro lathu la lero lichokera pa msika wa pa Chamama. Tsiku lina, nthawi imene fodya anali atayamba kugulidwa ku Chinkhoma ndipo ndalama zinali kuyendayenda m'manja mwa anthu, ndinali kudutsa pamenepo pa njinga yamoto, ndipo ndidamva mfuu yakuti, "Wakuba! Wakubayo!" Anthu adasiya malonda awo nathamangira ku khonde la golosale ina. Nditafika ndidapeza mnyamata wa zaka ngati 15 ali khale pansi, malaya atang'ambika, magazi ali chuchuchu m'mphuno. Pambali pake panali sopo mmodzi wochapira ndi mabatire awiri a wailesi. Zimene adaba zinali zomwezo basi. Koma kumbuyo kwa gulu munthu wina anali atayamba kale kufunsa ngati alipo amene ali ndi petulo.

Adampulumutsa ndi amayi eni golosaleyo. Iwo adaima pakhomo nati, "Msiyeni! Mwanayu ndimdziwa mayi wake. Mlanduwu ngwanga, suli wa gulu ai." Nkhaniyi ndidaiona ndi maso poyera, sindidaimve m'malo olapira, nchifukwa chake ndiri womasuka kuifotokoza, koma dzina la mwanayo sindilitchula.

Akuluakulu akumbukira sitolo zakale za Mandala, za Kandodo ndi za amwenye, m'mene katundu yense ankakhala kuseri kwa kauntala. Wogula ankaloza ndi chala, napereka ndalama, nalandira chinthu chake. Dzanja lake silinkafika pa shelefu. M'zaka za m'ma 1970 boma la Dr. Banda lidalamula kuti amwenye achoke kumidzi akachite malonda m'mizinda ikuluikulu yokha, ndipo kuyambira pamenepo magolosale ndi maokala a pa malo ngati Chamama adakhala a anthu a kwathu konkuno. Mwambo woti wogula azidzitengera yekha katundu ndi kukalipira potuluka udayambira ku America, pamene Clarence Saunders adatsegula sitolo ya Piggly Wiggly mu mzinda wa Memphis mu 1916. Lero wafika ngakhale pa boma la Kasungu. Ndi mwambo wabwino wofulumiza malonda, koma uika chiyeso pafupi ndi dzanja. Ndipo pa msika, pamene kaunjika athiridwa pansi ndipo anthu khumi awerama nthawi imodzi, chiyesocho nchachikulu koposa.

AMENE ABEREDWA NDANI?

Wakuba m'sitolo adzitonthoza mtima ndi mau awa: "Mwini wake ngolemera, sazindikira nkomwe." Tiyeni tiwerenge pamodzi. Tiyerekeze kuti mwini golosale apikula sopo pa K900 nagulitsa pa K1,000. Phindu lake ndi K100 pa sopo mmodzi. Tsono sopo mmodzi akabedwa, ayenera kugulitsa ena 9 kuti abweze mpamba wokha, ndipo pa onse 9 aja sadyapo kanthu. Pamenepo sitinawerengere ndalama ya galimoto kupita ku Kasungu ndi kubwerako, ngakhale ya lendi, ngakhale ya chiphaso cha malonda. Amene amuyesa wolemera kawirikawiri ndi mlimi mnzathu amene adaika m'golosalemo ndalama za mabelo ake a chaka chatha, kapena mayi wamasiye amene adakongola mpamba ku banki ya m'mudzi ndipo ayenera kubweza sabata ndi sabata.

Ndiponso si mwini yekha alira. M'sitolo zambiri, katundu akaperewera pa tsiku lowerengera, adula malipiro a mnyamata kapena mtsikana wogulitsa, ngakhale iye sadatengepo kanthu. Nthawi zina amchotsa ntchito ali ndi mbiri ya umbava. Chotero iwe amene udazembetsa paketi ya shuga m'chitenje, udaba thukuta la mwana wa mnzako, ndi mbiri yake yomwe.

Pambuyo pake mudzi wonse ulipira. Mwini sitolo akabedwa kawiri katatu akhoma waya pa kauntala, nasiya kabowo kongopitira dzanja. Kope la ngongole, limene linkapulumutsa mabanja m'miyezi ya Januwale ndi Febuluwale pamene nkhokwe zagona, alitseka. Aliyense wolowa ndi nsanza amuyang'ana ndi diso lokayika, makamaka alendo odzagwira ntchito m'minda ya fodya, amene alibe mbale wowaikira kumbuyo. Ena, ngakhale Akristu, athamangira kwa sing'anga kukafuna mankhwala otsirikira sitolo, naika khala la moto m'mbale ya ndalama poopa chitaka. Onani m'mene tchimo limodzi liitanira linzake: wakuba waphwanya lamulo lachisanu ndi chiwiri, ndipo woberedwa, chifukwa cha mantha, aphwanya loyamba.

Nanga wakubayo apindulanji? Mnyamata wa pa Chamama uja adalipira mlandu wake potungira madzi amayi aja masabata awiri, ndipo iwo adati zatha. Koma kwa anthu sizidathe. Anzake adampatsa dzina lakuti Batire, ndipo kulikonse kukasowa kanthu, kaya kusukulu kaya ku mpira, maso onse ankatembenukira kwa iye. Chaka chisanathe adasiya sukulu nachoka pamudzi. Mayi wake, amene ankakhala kutsogolo m'tchalitchi, adayamba kukhala kufupi ndi chitseko. M'mizinda ikuluikulu munthu atha kubisala m'chigulu. Koma kwathu kuno, kumene ankhoswe asanavomere ukwati ayamba afufuza za mtundu, mabatire awiri atha kutsata munthu mpaka imvi.

LAMULO LA DZIKO

Ambiri ayesa kuti kanthu kakachepa, mlandu palibe. Alakwa. Buku la malamulo a milandu la dziko lathu, lotchedwa Penal Code, limene lidayamba kugwira ntchito mu 1930 ndipo lakhala likukonzedwa nthawi ndi nthawi, silisiyanitsa kuba m'sitolo ndi kuba kwina. Gawo 278 lilola bwalo kupereka chilango chofika zaka 5 m'ndende kwa munthu wopezeka ndi mlandu wa kuba. Wantchito akabera bwana wake, gawo 286 likweza chilangocho kufika zaka 14, pakuti iye waba pamene adamkhulupirira. Ndipo gawo 328 ligwira amene alandira kapena kusunga katundu akudziwa, kapena ali ndi chifukwa choganizira, kuti ngwakuba. Mvetsetsani bwino pamenepa, inu amene mukonda kugula zotsika mtengo kuseri kwa msika madzulo.

Izi ndi zilango zapamwamba. Sindikunena kuti aliyense woba sopo akhala zaka 5. A majisitireti ayang'ana kukula kwa chinthu, msinkhu wa wolakwa, ngati nkoyamba, ndiponso ngati katunduyo adabwezedwa. Atha kulamula chindapusa, kapena kuimika chilango, ndipo kuyambira cha m'ma 2000 atha kutumiza wolakwa kukagwira ntchito yosalipidwa pa chipatala, pa sukulu kapena pa bwalo pomwepo m'malo mopita kundende. Komabe asanafike pamenepo munthu wagona m'chitokosi, zala zake adinda, ndipo banja lagulitsa mbuzi poyendera mlandu. Tsiku limene adzafuna ntchito yofunika kalata ya ku polisi yochitira umboni khalidwe lake, nkhani ija idzadzuka. Za moyo wa m'ndende zathu sindichulutsa mau. Mu 2009, pa mlandu wa Gable Masangano, bwalo lalikulu lidagamula kuti kuthithikana kwa akaidi m'zipinda zosalowa mpweya wokwanira nkuzunza anthu kosemphana ndi malamulo a dziko. Mnyamata wolowa m'menemo chifukwa cha mabatire atulukamo atadziwa kuthyola loko.

Ana ali ndi njira yawoyawo. Wosafika zaka 10 lamulo silimuimba mlandu konse. Kwa okulirapo, lamulo losamala ndi kuteteza ana la 2010 lifuna kuti milandu ing'onoing'ono ithere kunja kwa bwalo, mwa kupepesa, kubweza ndi kulangizidwa pamaso pa makolo, ndipo liletsa kuponya mwana m'ndende ya akulu; osamvera kwenikweni ndiwo atumizidwa ku sukulu zowongolera khalidwe za ku Mpemba ndi ku Chilwa. Akatekisiti, dziwaninso izi kuti muthandize anthu anu: womangidwa ayenera kuonekera ku bwalo pasanathe maola 48, monga linenera gawo 42 la malamulo aakulu a dziko, ndipo belo ya ku polisi njaulere.

Tsono ndibwerere kwa munthu uja wofunsa petulo. Mu 1699 aphungu a ku England adakhazikitsa lamulo loti woba m'sitolo katundu wa masheleni 5 anyongedwe. Lamulolo lidakhala zaka zoposa 100, koma kuba sikudathe, ndipo potsiriza eni ake adachita nalo manyazi nalichotsa. Chimene iwo adachitaya, ife tachitola, ndipo tichichita popanda woweruza, popanda mboni, popanda kufunsa. Mu Epulo 2016 ofesi ya United Nations yoona za ufulu wa anthu idadandaula poyera kuti m'miyezi iwiri yokha anthu 16 anali ataphedwa ndi magulu a anthu olusa m'Malawi muno. Tinena kuti apolisi achedwa, ndipo kuti wogwidwa lero mawa timuonanso pa msika. Dandaulo limeneli ndilimva, ndipo nthawi zina nloona. Koma Mkristu amene aponya mwala umodzi, kapena agula machesi, kapena angoimirira nakuwiza, wachoka pa lamulo lachisanu ndi chiwiri nagwa pa lachisanu. Pamaso pa boma ndi pamaso pa Mulungu mlandu wake ngwakupha. Chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe: mwana wogwidwa sabata ya mawa atha kukhala wa m'nyumba mwako, ndiponso atha kukhala wosalakwa amene wina adangomloza chala.

CHIPHUNZITSO CHA EKLEZIA

Augustine Woyera, episkopi wa ku Hippo, m'chigawo chachiwiri cha buku lake lotchedwa Confessiones, afotokoza kuba kumene adachita ali ndi zaka 16 kwawo ku Thagaste, m'dziko limene lero litchedwa Algeria. Usiku wina iye ndi anzake adakagwedeza mtengo wa mapeyala wa munthu wina. Si mapeyala athu amafuta aja ai, koma chipatso china cha kumeneko. Adasenza ambiri, nalawako pang'ono, otsalawo naponyera nkhumba. Atakula adadzifunsa chimene adafunapo, popeza njala analibe ndipo kwawo kunali zipatso zoposa zimenezo. Adapeza ziwiri: kukoma kwa kuchita choletsedwa, ndi manyazi oopa kuoneka wamantha pakati pa anzake, adavomera kuti akadakhala yekha sakadaba. Ndikhulupirira kuti ana athu ambiri ogwidwa m'magolosale ali ngati Augustine. Saba ufa, aba maswiti, mafuta odzola, mayunitsi a foni, ndalama yokaonera kanema. Mphunzitsi wanzeru asangofunsa kuti, "Waba chiyani?" Afunsenso kuti, "Unali ndi yani?"

Kodi kuba kanthu kakang'ono ndi tchimo lalikulu? Aphunzitsi a Eklezia ayankha kuti kukula kwa tchimoli kuyesedwa ndi kukula kwa chinthu pamodzi ndi kuvutika kwa woberedwa. Ndalama imene wolemera saimva, kwa mayi wogulitsa tomato pa benchi ndi chakudya cha tsiku lonse, ndipo kumlanda imeneyo nkulakwa kwakukulu. Awonjezanso mfundo ina imene anthu aiiwala: tinthu ting'onoting'ono tobedwa kawirikawiri tiphatikizana. Wogulitsa m'sitolo amene atapa K200 tsiku ndi tsiku, ali ndi cholinga chopitiriza, sanganene kuti achimwa pang'ono masiku onse; pakutha pa chaka watenga ndalama zoposa K70,000, ndipo mlandu wake ngwa zonsezo.

Tchimoli siligwira dzanja lotenga lokha. Katekisimu wa Eklezia Katolika wa 1992, pa nambala 2412, aika udindo wobweza pa onse amene adathandizapo kapena kudyapo akudziwa: wotuma, wolondera pakhomo, wochedwetsa wogulitsa ndi nkhani pamene mnzake alowetsa dzanja, wobisa, ndi wogula. Apa ndilankhule ndi makolo. Mwana wosagwira ntchito akabwera ndi botolo la mafuta ophikira, inu nkulandira osafunsa, mwamuphunzitsa katekisimu wina woposa wa Tilitonse. Kuwongola mtengo mpoyamba.

Padzakhala wina m'kalasi mwanu wofunsa kuti, "Nanga wanjala?" Musamkalipire, pakuti funsolo nlabwino, ndipo ife a ku Kasungu tili ndi chifukwa cholifunsira. Tikumbukira njala ya 2001 ndi 2002, imene boma la Bakili Muluzi lidaivomereza mu Febuluwale 2002 kuti ndi ngozi yogwera dziko lonse, pamene anthu ankadya gaga ndi mizu ya nthochi, ndipo ena ogwidwa ndi mondokwa m'minda ya eni adadulidwa ziwalo kapena kuphedwa kumene. Thomas Aquinas Woyera adaphunzitsa kuti munthu amene moyo wake uli pa ngozi yoonekeratu, ndipo alibe njira ina iliyonse, akatenga chongomupulumutsa sanabe kwenikweni, popeza Mulungu adalenga za pansi pano kuti zidyetse anthu onse. Msonkhano wachiwiri wa ku Vatican udabwereza zomwezo mu 1965, ndipo Katekisimu azisunga pa nambala 2408. Koma khomo limeneli nlopapatiza. Linena za njala yakupha, osati chilakolako cha tiyi wa shuga. Linena za munthu amene wapempha namanidwa, wafuna ganyu naisowa. Ndipo lilola chokhacho chofunika pa tsikulo. Mabatire a wailesi salowapo. Ndipo ngati m'mphakati mwathu muli munthu wofika pamenepo ife osadziwa, woyamba kufunsidwa mlandu ndife.

Phunziroli likadakhala lopendekera ndikadangoyang'ana mbali imodzi ya kauntala. Kuli kuba kwinanso kumene sikuitanitsa mfuu ya "Wakubayo!" William Kamkwamba wa kwa Wimbe, m'buku lake la 2009 lotchedwa The Boy Who Harnessed the Wind, asimba za ulendo wake wa pa njinga kudzagula chimanga pa Chamama pompano m'njala ija: adaima pa mzere tsiku lathunthu, ndipo chimene adalandira chidachepa poyerekeza ndi ndalama imene adalipira. Masiku ano alimi adandaula za mavenda ena ogula soya ndi mtedza pa sikelo yofinyidwa, imene a Malawi Bureau of Standards sadaiyese nkomwe. Ndipo tonse tidziwa m'mene matenanti ambiri ankakhalira m'maesiteti a fodya: ufa, mchere, sopo ndi feteleza zonse pa ngongole, pa mtengo woika bwana yekha, kotero kuti pakutha pa chaka banja lonse lidagwira ntchito koma ngongole ndiyo yatsala. Nyumba ya malamulo idaletsa utenanti mu 2021. Koma lamulo lolembedwa silisintha mtima wa munthu tsiku limodzi. Mneneri Amosi adadzudzula ochepetsa muyeso ndi onyenga pa sikelo, ndipo kalata ya Yakobe iika malipiro omanidwa a antchito pakati pa zinthu zolira kwa Mulungu. Mkristu wamalonda amene afuula kwambiri pogwira mwana woba sopo ayambe wayang'ana sikelo yake. Komabe kulakwa kwa bwana sikupatsa wantchito ufulu wodzilipira yekha mobisa monga afunira. Apite kwa mfumu, ku ofesi ya zantchito, kapena abwere ndi akulu a mpingo tikakambe naye bwanayo.

ZA KUBWEZA

Apa ndipo pagona mutu wa phunziro, ndipo apa ndipo ambiri akhumudwa. Ayesa kuti akanena tchimo kwa wansembe nachita malapo a Atate Athu atatu, sopo uja wasanduka wawo. Iai. Augustine yemweyo, m'kalata yake kwa Macedonius, mkulu wa boma, adaphunzitsa kuti kulapa kwa munthu wokana kubweza chimene angathe kubweza nkwachiphamaso. M'buku la Eksodo woba nkhosa ankabweza zinai, woba ng'ombe zisanu. Ndipo Zakeyo wa ku Yeriko, Ambuye atalowa m'nyumba mwake, adalonjeza yekha kubweza kanai kwa onse amene adawanyenga. Eklezia safuna kanai. Afuna chinthucho, kapena mtengo wake, pamodzi ndi kukonza zimene zidaonongeka chifukwa cha kubako. Ngati mtsikana wogulitsa adadulidwa malipiro chifukwa cha iwe, ngongole yako ili kwa iyeyo.

Anthu aopa kubweza chifukwa aopa kudziulula, ndipo poona za petulo zija, mantha awo sindiwanyoza. Auzeni momveka kuti palibe lamulo lokakamiza munthu kudziwulula poyera. Atha kubweza mwachinsinsi: kupereka ndalamayo kwa wansembe kuti akafikitse popanda dzina, kapena kuituma mwa munthu wokhulupirika, kapena kuisiya pamalo pamene mwini adzaipeza. Wansembe sangaulule zomva m'sakramenti la kulapa, kaya kwa mwini sitolo, kaya kwa apolisi, ngakhale atamuopseza ndi imfa. Wosauka abweze pang'onopang'ono, ndipo ngati lero alibiretu, akhale ndi mtima woona wodzabweza fodya kapena soya akagulidwa. Mwini akamwalira, zipite kwa olowa m'malo mwake. Akasowa ndithu atafunidwa, zipite kwa amphawi. Kuponya ndalamayo m'mbale ya chopereka pamene mwini ali moyo ndipo sitolo yake uidziwa, kumeneko sikubweza ai. Mwini yekha ndiye angakhululuke ngongoleyo, ndipo Akristu amalonda achita bwino akamatero kwa ana ndi kwa osowa, monga adachitira amayi a pa Chamama aja.

Akatekisiti, pa msonkhano wathu wa mwezi wa mawa mubwere mutaganizira mlandu uwu, umene ndaupeka koma mudzauzindikira. Mtsikana agulitsa m'golosale ya mkulu wina wa mpingo, ndipo miyezi 3 yapita osalandira malipiro. Sabata iliyonse atenga paketi imodzi ya shuga napatsa azakhali ake amene amsunga. Azakhaliwo adziwa kumene ichokera, ndipo aimba kwaya. Tsopano mwini golosale waona kuti shuga aperewera, ndipo akayikira mnyamata wolondera usiku, amene sadziwa kanthu. Mtsikanayo wabwera kwa inu madzulo, kunja kwa sakramenti, nakuuzani zonse. Mulembe pa pepala amene ali ndi ngongole kwa yani, ndi ya zingati, amene mudzayamba kulankhula naye, ndi chimene mudzachita kuti mlondayo asachotsedwe ntchito Loweruka lisanafike.